Matar, Mayi wa m'mapiri a Phrygia: mafunso ndi mayankho

Amene anamvapo za mfumu Midas, kapena za mulungu wamkazi wotchedwa Cybele, amakonda kufunsa mafunso ofanana. Ndawasonkhanitsa pano, kuyambira apafupi mpaka amene akatswiri ofukula zakale akukanganabe mpaka lero.

Kodi Phrygia ili kuti, ndipo anthu ake anali ndani?

Phrygia linali dera la chapakati, cha kumadzulo, m'dziko limene lero ndi Turkey. Likulu lake linali Gordion, m'mbali mwa mtsinje wa Sakarya, makilomita pafupifupi 80 kum'mwera chakumadzulo kwa Ankara. Herodotus, wolemba mbiri wakale wa Chigiriki, analemba kuti anthuwa anachokera ku Ulaya, kufupi ndi Macedonia, ndipo chinenero chawo chikugwirizana nazo, chifukwa ndi chachibale ndi Chigiriki. Anakhazikika m'derali ufumu wa Ahiti utagwa, cha m'ma 1200 BC.

Ufumu wawo unafika pachimake m'zaka za m'ma 800 ndi 700 BC. Kenako anagwa m'manja mwa anthu a ku Lydia, kenako Aperisi, ndipo mu 333 BC Alexander Wamkulu anafika ku Gordion, kumene nkhani imati anadula ndi lupanga mfundo yotchuka yosamasulika. Mafumu anatha, koma chinenero ndi mapembedzedwe zinakhalabe mpaka m'nthawi ya Aroma.

Ndi Frugiya yomwe ija timaiwerenga m'Baibulo?

Inde. Buku Lopatulika limalemba kuti Frugiya. Pa Machitidwe 2:10, anthu ochokera kumeneko ali m'gulu la amene anamva atumwi pa tsiku la Pentekoste, ndipo pa Machitidwe 16:6 ndi 18:23 Paulo akudutsa m'derali. Kungoti Paulo anafikako patapita zaka zoposa 700 chimwalirire Midas. Anapeza mizinda yolankhula Chigiriki pansi pa ulamuliro wa Aroma, matanthwe osemedwa amene tikambe m'munsimu ali kale zinthu zamakedzana.

Anthuwa ankapembedza ndani?

Mulungu amene timamudziwa bwino ndi wamkazi, ndipo ankangomutchula kuti Matar, kutanthauza kuti Mayi. Dzinali likupezeka pa zolembedwa zingapo za pamiyala, nthawi zina ndi mawu ena omufotokoza, monga areyastin kapena kubileya. Mawu akuti kubileya ambiri amawamasulira kuti "wa kuphiri". M'nthawi ya mafumu, iye yekha ndi amene akatswiri amagwirizana kuti ankasemedwa ndi thupi lonse la munthu.

Ngakhale dzina lake ndi Mayi, pa zosema zazikulu za eni dziko sanyamula mwana, sayamwitsa, ndiponso saoneka woyembekezera. Lynn Roller, m'buku lake la mu 1999 lotchedwa In Search of God the Mother, ananena kuti umayi wake unali wa mphamvu ndi chitetezo: mayi wa mapiri, wa malire, mwinanso wa ufumu weniweniwo. N'chifukwa chake zifanizo zake zimapezeka pa zipata za mizinda, pafupi ndi akasupe ndiponso kufupi ndi manda.

Milungu ina imene imatchedwa ya ku Phrygia, monga Men ndi Sabazios, timaidziwa makamaka kuchokera m'nthawi ya Agiriki ndi Aroma.

Ndiye kuti Matar ndi Cybele ndi mmodzi?

Dzina ndi limodzi, koma khalidwe linasintha panjira. Agiriki a m'mphepete mwa nyanja anayamba kumupembedza cha m'ma 500 BC, ndipo mawu aja akuti kubileya anawasandutsa dzina, Kybele. Aroma anadzalemba kuti Cybele, n'kumamutchanso Magna Mater, Mayi Wamkulu.

Atafika kwa Agiriki anamukhazika pampando, pomwe kwawo nthawi zambiri amakhala chilili. Anamupatsa mkango, wina pamiyendo, ina m'mbali mwa mpando. Anamugwiritsanso kang'oma kopyapyala ka m'manja, kamene sikaoneka pa zosema zakale za ku Phrygia. Chifanizo chotchuka cha mtundu umenewu chinaikidwa m'kachisi wake ku Athens chakumapeto kwa zaka za m'ma 400 BC, ndipo amati anachisema ndi Agorakritos. Kuyambira pamenepo osema ambiri ankangotengera chomwecho.

Vuto lalikulu la phunziroli lagona apa. Anthu a ku Phrygia sanatisiyire nthano ngakhale imodzi ya milungu yawo, kapena nyimbo ya mapemphero yoti tingaimve yonse. Nkhani zonse za ng'oma zosokosera, kuvina mobwebweta ndi ansembe odzicheka analemba ndi Agiriki ndi Aroma, amene ankaona anthu a ku Phrygia ngati akapolo ndi anthu achilendo, ndipo ambiri analemba patapita zaka mazanamazana. Kwa nthawi yaitali akatswiri ankawerenga kaye mabuku amenewa, n'kupita kumapiri kukafuna zimene awerengazo. Ntchito yabwino ya zaka 50 zapitazi yakhala yotembenuza zimenezi: kuyamba ndi mwala, kenako n'kufunsa ngati mlembi wachilendoyo ananena zoona. Ine ndimaona kuti njira yoyenera ndi imeneyi. Mbiri ya munthu yongomvera kwa anansi omunyoza siingakhale yathunthu.

Nanga eni ake ankamusema bwanji?

Amaimirira moyang'ana kutsogolo, atavala mkanjo wautali wofika kumapazi, womanga ndi lamba m'chiuno. Kumutu kuli chisoti chachitali, ndipo kuchokera pachisoticho nsalu imatsikira kumsana, mbali ina n'kupisidwa m'lamba. M'manja amagwira mbalame yolusa ya mtundu wa mphamba, chikho kapena kamtsuko, nthawi zina khangaza. Zosema za ku Gordion ndi za ku Ankara, monga chimene chinapezeka ku Bahçelievler, zimamuonetsa chonchi ataima pakhomo la nyumba. Mbalame yolusayo ndiyo mnzake weniweni. Mikango imaoneka mwa apo ndi apo, ndipo malo otchuka ndi thanthwe la Arslankaya, kumene mikango iwiri ikuluikulu yaimirira ndi miyendo yakumbuyo, iye ali pakati.

Chosema china chokongola chinapezeka ku Boğazköy, pa chipata cha mudzi umene unamangidwa pa mabwinja a likulu la Ahiti. Mayiyo waima pakati pa anthu awiri aafupi, wina akuimba zitoliro ziwiri, wina akuimba zeze. Choncho nyimbo zinalipo ndithu pa mapemphero ake, kungoti zida zimene tikuziona ndi chitoliro ndi zeze.

N'chifukwa chiyani anasema makomo pathanthwe koma kuseri kulibe chipinda?

Ili ndi funso limene aliyense amafunsa akaona zithunzi za m'mapiri a pakati pa Eskişehir, Afyonkarahisar ndi Kütahya. Miyala ya kumeneko inapangika ndi phulusa la mapiri ophulika, ndipo ndi yofewa moti imasemeka mosavuta. Amisiri ankasalaza nkhope ya thanthwe n'kusemapo kumaso kwa nyumba: denga la mbali ziwiri, mitanda, chokongoletsa chonga nyanga pansonga, makoma odzaza ndi mizere yopingasa, ndipo m'munsi, pakatikati, khomo. Koma khomolo limangolowa pang'ono n'kuthera pamwala.

Khomolo silinali loti munthu alowepo. Linali poimirira Matar. Ku Arslankaya ndi ku Büyük Kapıkaya chifanizo chake anachisema kumodzi ndi thanthwelo. Ku Arslankaya anasemanso zitseko ziwiri zotsegukira mkati, ngati kuti mwini nyumba wangotsegula kumene. Pamalo ena chifanizo chinali chochotseka, ndipo chatsala ndi bowo lokha limene ankachizikapo. Akatswiri ambiri amamva chonchi: phiri lonselo ndilo nyumba yake, ndipo khomo ndi pamene amaonekera kwa anthu ake. Opembedza ankaima panja, pabwalo. Susanne Berndt-Ersöz, amene anafalitsa kafukufuku wa malo onsewa mu 2006, anapeza kuti ambiri anayang'ana kum'mawa kapena kum'mwera chakum'mawa, kotero dzuwa likamatuluka limayamba kuwalira pakhomopo.

Nyumba zimene ankatengerazo zinalikodi. Ku Gordion kunafukulidwa maziko a nyumba zazikulu za chipinda chimodzi ndi khonde, komanso miyala ya pansonga ya denga yofanana ndi yosemedwa m'mapiri. Pa makoma a nyumba yotchedwa Megaron 2 anthu anakandapo tizithunzi ta mbalame, mikango ndi nyumba za madenga omwewo. Ena amaganiza kuti nyumbayi inali kachisi, koma palibe nyumba ya ku Gordion ya nthawi ya mafumu imene onse avomereza kuti inali kachisi.

Ngati mukufuna kudziwa mmene ankagwirira ntchito, pali thanthwe lina ku Midas City, malo a mabwinja a pa mudzi wa Yazılıkaya, limene analisiya lisanathe. Denga ndi kumtunda zinatha bwinobwino, m'munsi mukadali mwala wosakhudzidwa. Ankayambira pamwamba kutsika.

Kodi Midas analikodi? Nanga thanthwe lotchedwa dzina lake ndi manda ake?

Analiko. Zolembedwa za Sargon II, mfumu ya Asuri, zimatchula Mita wa ku Mushki pakati pa 717 ndi 709 BC, poyamba ngati mdani, kenako ngati wofuna mtendere, ndipo akatswiri ambiri amati ameneyu ndi Midas. Herodotus naye anati Midas anatumiza mpando wake woweruzira milandu ku kachisi wa Agiriki wa ku Delphi monga mphatso. Zoti chilichonse chimene wakhudza chinkasanduka golide ndi nthano ya Agiriki.

Thanthwelo lili m'mudzi wa Yazılıkaya, dzina lotanthauza "mwala wolembedwa", ndipo kutalika kwake ndi mamita pafupifupi 17. William Martin Leake wa ku Britain analiona mu 1800, anawerengapo dzina la Midas, ndipo kwa zaka zambiri linkatchedwa manda a Midas. Si manda. Ndi khomo la Matar ngati amene tafotokoza pamwambapa, ndipo mkati mwa khomolo anthu anakandamo dzina la Matar. Mawu a pamwamba amati: ates arkiaevais akenanogavos midai lavagtaei vanaktei edaes. Mwachidule, munthu wotchedwa Ates anapereka chimenechi kwa Midas, mtsogoleri wa anthu ndi mfumu. Maudindo awiriwo akufanana kwambiri ndi lawagetas ndi wanax, mawu a Chigiriki chakale kwambiri cha ku Mycenae ndi Pylos.

Dzina la mfumu pa malo opatulika a Matar likusonyeza kuti ufumu ndi chipembedzo zinali zolukana. Ena amafika poganiza kuti Midas atamwalira ankalandira ulemu pamodzi ndi mulunguyo.

Manda aakulu a ku Gordion akutiuza chiyani?

Kuzungulira Gordion kuli zitunda za manda zoposa 100. Chachikulu, chotchedwa Tumulus MM, n'chotalika mamita 53, ndipo m'mimba mwake ndi mamita pafupifupi 300. Gulu la Rodney Young wa ku University of Pennsylvania linakumba ngalande n'kulowamo mu 1957. Anapeza chipinda cha matabwa chili chilili, muli mafupa a bambo wa zaka zapakati pa 60 ndi 65, matebulo, ndi ziwiya zamkuwa zoposa 150. Golide munalibe ngakhale pang'ono. Mitengo ya mandawa inadulidwa cha m'ma 740 BC, Midas asanamenyane n'komwe ndi Sargon, kotero ambiri amati anaikidwamo ndi bambo a Midas.

Zotsalira za m'miphika zinapimidwa ndi Patrick McGovern, ndipo zinaonetsa chakudya cha pamaliro: nyama ya nkhosa kapena mbuzi yophikira limodzi ndi mphodza, ndi chakumwa chosakaniza vinyo, mowa wa balere ndi uchi. Anthu atadya, ziwiya anaziika m'manda zosatsuka.

Chifanizo cha Matar munalibe. Koma Elizabeth Simpson, amene watha zaka zambiri akuphunzira mipando ndi matebulo a m'mandamu, anaonetsa kuti zokongoletsa za pa zoikapo miphika ziwiri zikufanana ndi za pa makomo a m'mapiri. Pakati pali duwa lozungulira, m'munsi mwake muli miyendo iwiri yothera m'mapazi a mkango. Iye amati duwalo likuimira Matar pakati pa mikango yake. Si onse amene amafika naye mpaka pamenepo, koma mukaika chithunzi cha matabwawo pambali pa cha Arslankaya, kufananako n'kovuta kukukana.

Zaka za zinthuzi amazidziwa bwanji?

Za matabwa n'zosavuta: amawerenga mizere ya m'thunthu la mtengo, umodzi pachaka, n'kuyerekezera ndi zotsatira za radiocarbon, njira yasayansi yoyezera zaka za zinthu zimene zinali zamoyo. Njira zimenezi zinagwedeza mbiri yonse ya Gordion. Young anapeza kuti mbali yaikulu ya mzindawu inapsa ndi moto, ndipo anati anautentha ndi ankhondo otchedwa Cimmerians cha m'ma 700 BC. Kumayambiriro kwa zaka za m'ma 2000, mbewu zopserera za m'nyumbazo zitapimidwa, zinaoneka kuti motowo unachitika cha m'ma 800 BC. Zonse zopezeka pansi pa phulusalo zinakalamba ndi zaka 100 nthawi imodzi, ndipo zinadziwika kuti Midas ankakhala mumzinda umene unamangidwanso pamwamba pake.

Thanthwe ndiye lovuta, chifukwa lilibe mizere yowerenga. Pa nkhani ya zaka za thanthwe la Midas, akatswiri ali m'magulu awiri. Ena amati ndi la cha m'ma 700 BC, potengera dzina la mfumuyo ndi kufanana kwa mizere yake ndi ya pa matabwa a mu Tumulus MM. Ena, kuphatikizapo Berndt-Ersöz, amati ndi la m'zaka za m'ma 500 BC, Lydia ikulamulira, chifukwa zokongoletsa za pa makomo ena zikufanana ndi matailosi adothi a nthawi imeneyo. Mkanganowu si wa chabe: ngati gulu lachiwiri likulondola, ndiye kuti thanthweli ndi chikumbutso cha mfumu yakalekale, chosemedwa ufumu wake utatha kale.

Nanga makwerero osemedwa pamiyala ndi mafano opanda nkhope?

Izi ndiye zochuluka kuposa makomo aakulu aja, ngakhale sizijambulidwa kawirikawiri. Makwerero amakhala ochepa, ndipo amathera pa chinthu chonga mpando kapena pa fano la mutu wozungulira ndi thupi la ngodya zinayi, lopanda maso kapena manja. Alipo ambiri ku Midas City ndi ku Dümrek, kumpoto kwa Gordion. Ku Kerkenes, mzinda waukulu wa paphiri umene unatenthedwa chapakati pa zaka za m'ma 500 BC, gulu limene Geoffrey ndi Françoise Summers anayambitsa mu 1993 linapeza mafano oterewa pa chipata cha mzinda.

Ena mwa mafanowa amakhala awiri pa thupi limodzi. Ngati mmodzi ndi Matar, winayo ndani? Berndt-Ersöz anapereka ganizo lakuti ndi mulungu wamwamuna, mwina amene zolembedwa zimamutchula kuti Ata, kutanthauza Bambo.

Palinso makomo ochepa, monga Maltaş ndi Deliklitaş, amene kuseri kwake kuli dzenje lakuya lokumbidwa kuchokera pamwamba. Kale ena ankati ankathiramo magazi a ng'ombe, koma mwambo wa Aroma wa nsembe imeneyo umayamba kuoneka m'zaka za m'ma 100 AD. Maganizo ena ndi akuti ankaikamo zopereka, kapena kuti ankagwiritsa ntchito poombeza.

Bwanji simunatchule Attis ndi ansembe odzifula?

Chifukwa pa zosema zakale za ku Phrygia mulibe mulungu wotchedwa Attis. Ates linali dzina wamba la amuna, ngati la uja anapereka thanthwe kwa Midas. Pambuyo pake dzinali, lolembedwa kuti Attis, linakhala la udindo wa wansembe wamkulu ku Pessinus, mzinda wa ku Phrygia, ndipo makalata amene mafumu a ku Pergamon ankamulembera m'zaka za m'ma 100 BC anapezeka atasemedwa pamiyala. Attis monga mnyamata wokondedwa wa mulunguyo, wovala kachipewa kopindikira kutsogolo, amayamba kuoneka pa zosema za Agiriki m'zaka za m'ma 300 BC.

Ansembe ofulidwa, otchedwa Galli, analikodi m'nthawi ya Agiriki ndi Aroma. Umboni woti analipo m'masiku a Midas sunapezeke. Onaninso yankho la funso la Matar ndi Cybele.

Mwala wakuda umene unapita ku Rome unachokera kuti?

Mu 205 BC, Hannibal, mdani wa Aroma, akadali m'dziko la Italy, akuluakulu a Rome anafunsira ku mabuku awo a maulosi ndipo anauzidwa kuti akatenge Mayi. Mwala wakuda womuimira unafika mu 204 BC, ndipo kachisi wake pa phiri la Palatine anatsegulidwa mu 191 BC. Olemba achiroma amasiyana: Livy amati mwalawo unachokera ku Pessinus, Ovid amati ku phiri la Ida, pomwe Varro amaloza ku Pergamon.

Pessinus lero ndi mudzi wa Ballıhisar, pafupi ndi Sivrihisar. Akatswiri a ku Ghent University anayamba kufukula kumeneko mu 1967, motsogozedwa ndi Pieter Lambrechts. Kachisi wamkulu amene anamupeza ndi wa m'nthawi ya mfumu Tiberius, ndipo ambiri amati anali wolemekezera mafumu a Roma. Zinthu za m'nthawi ya Midas zapezeka zochepa, zimene zikusonyeza kuti kutchuka kwa Pessinus kunabwera mochedwa.

Kodi Matar ndi yemwe uja wa ku Çatalhöyük, kapena Kubaba?

Ayi, ngakhale timabuku ta alendo timakonda kutero. Kachifanizo kadothi ka mayi wonenepa wokhala pakati pa zilombo ziwiri, kamene James Mellaart anakapeza mu 1961 ku Çatalhöyük, mabwinja a mudzi wakalekale wa ku Turkey, n'kakale kuposa Matar ndi zaka pafupifupi 5,000, ndipo palibe chingwe cha umboni cholumikiza awiriwa.

Kubaba anali mulungu wamkazi wa mzinda wa Carchemish, m'malire a Turkey ndi Syria a lero. Osema a ku Phrygia anatengerako zovala ndi kaimidwe kake, koma akatswiri a zinenero, monga Claude Brixhe, anaonetsa kuti dzina lakuti Kubaba ndi mawu akuti kubileya si amodzi. Amangomveka mofanana.

Chinenero chawo chimawerengeka?

Zilembo zimawerengeka mosavuta, chifukwa n'zachibale ndi za Chigiriki. Kumva tanthauzo ndiye kwa theka. Zolembedwa zakale, za pakati pa zaka za m'ma 700 ndi 300 BC, zilipo mazana angapo, koma zambiri ndi dzina limodzi lokandidwa pa mbale. Brixhe ndi Michel Lejeune anazisonkhanitsa mu 1984. Zina zoposa 100 ndi za m'nthawi ya Aroma, ndipo pafupifupi zonse ndi matemberero a pamanda, oyamba ndi mawu akuti ios ni semoun knoumanei kakoun addaket, kutanthauza "aliyense wochitira choipa manda awa". Liwu lakuti bekos, limene Herodotus anati ndi buledi m'chinenerochi, likupezekamodi.

Ndani anagwira ntchito yaikulu yofufuza m'mapirimo?

Abale awiri a ku Germany, Gustav ndi Alfred Körte, anafukula ku Gordion mu 1900, ndipo Young anayamba mu 1950. Koma wa m'mapiri ndi Emilie Haspels wa ku Netherlands. Anayamba kufukula ku Midas City mu 1937, nkhondo yachiwiri ya dziko lonse inamutsekera ku Turkey, ndipo itatha anabwererako maulendo angapo mpaka 1958, akuyenda mudzi ndi mudzi, kuyeza ndi kujambula thanthwe lililonse. Buku lake, The Highlands of Phrygia, linatuluka mu 1971. Ndimalilemekeza kwambiri chifukwa zina zimene anajambula lero zinawonongeka, ndipo zithunzi zake ndizo umboni wotsala. Akatswiri a ku Turkey, monga Taciser Sivas, anapitiriza ntchitoyi ndipo anapeza malo ena ambiri.

Munthu angakazione kuti, ndipo zili bwanji lero?

Zosema za ku Boğazköy ndi Ankara, pamodzi ndi katundu wambiri wa mu Tumulus MM, zili ku Museum of Anatolian Civilizations mumzinda wa Ankara. Ku Gordion kuli nyumba ina yaing'ono yosungiramo zakale, ndipo mungathe kulowa m'ngalande ya chitunda chija n'kukasuzumira chipinda cha matabwacho. UNESCO inaika Gordion pa mndandanda wa malo ofunika padziko lonse mu 2023.

Makomo a m'mapiri ali pamtetete, ndipo ambiri alibe mlonda. Mvula ndi chisanu zimanyenya mwala wofewawo pang'onopang'ono, koma owononga kwambiri ndi anthu ofuna chuma. Nthano ya golide wa Midas ikadali ndi mphamvu, moti ena amakhulupirira kuti kuseri kwa khomo lililonse kuli mphika wobisika, ndipo amabwera usiku ndi nyundo ndi zophulitsira miyala. Chifanizo cha Matar ku Arslankaya ndi cha ku Büyük Kapıkaya zinaphwanyidwa mwa njira imeneyi. Mukapitako, tengani zithunzi za Haspels kuti mukaone mmene Mayiyo ankaimira pakhomopo, ndipo mukafike m'mamawa, dzuwa likadali kumaso kwa thanthwe.